Wailesi ya bambo anga inathera mumtondo

Aise ukuti ngati tinkakhulupiriradi za pawailesi nthawi ya Kamuzu? Nanga tikanamvera kuti? Siteshoni inali imodzi basi, TV kunalibe mpaka 1999, Daily Times ndi Malawi News zonse za mwini wake yemweyo. Nkhani kuyamba ndi Ngwazi kutha ndi Ngwazi, nkhope yake musitolo, pandalama, ngakhale pansalu za amayi athu omwe.

Ine zanga ndi za 1992 chaka cha chilala chija, kwathu kufupi ndi Lizulu. Chimanga chinapserera, ife tikugonera phala la gaga, wailesi ili pakalikiliki ndi nyimbo zotamanda. Kalata ya mabishopu yodzudzula boma itawerengedwa mutchalitchi mu Malichi, bambo anga anangoti pamowa abambowa anena zoona, kabokosi kathuka nkabodza. Basitu. Kutacha tcheyamani wa chipani wa m'dera uyu ali pakhomo ndi anyamata ake, munthu woti ankabwera madzulo alionse kudzamvera wailesi yomweyo chifukwa yake inalibe mabatire!! Anawagwaditsa bambo pabwalo chala chimodzi m'mwamba, wailesi anaiponya mumtondo nkuwapatsa amayi munsi akuti sinjani, amayi akusinja akulira atavala nsalu ya nkhope ija, ine ndili kuseli kwa nkhokwe yopanda kanthu ndikumva phwa phwa, anthu a m'mudzi atangoti ndwii palibe ngakhale wotsokomola. Kenako makadi a chipani. Tinagulanso onse ngakhale tinali nawo kale, nkhuku yomaliza inapita choncho.

Ndiye mkulu yemweyo mu Juni 1993 pa referendamu, nyali ya zipani zambiri itaposa tambala wakuda wa chipani chimodzi, ndi amene anayamba kukweza zala ziwiri pamsika. Manyazi alibe. Mpaka anamwalira osapepesa, pamaliro pake ine sindinapite ndipo musandifunse.

Kukhulupirira ayi, ambiri ankadziwa, za ngozi ya ku Mwanza ya 1983 ija, ya nduna zitatu ndi phungu, akuluakulu ankanong'onezana m'munda. Koma ukamva chinthu chomwecho m'mawa masana usiku ndipo mnzako aliyense akuwomba m'manja umayamba kuganiza kuti wopenga ndiwe.

Achinyamata inu mukaona wailesi kapena peji ikungotamanda munthu mmodzi funsani, osaopa. Komanso pakamwa muzisamala, mugulu muno simudziwa amene akujambula sikirinishoti. Bambo akanangomwa masese awo chete wailesi ija bwenzi ilipo, inali yatsopano, anagula ndi ndalama ya mbatatesi.