Magomero: Mbiri ya Nthaka ndi Anthu Amene Anailima

Mayi wina amene amakhala ku Lilongwe wanditumizira kalata pa imelo. Akuti agogo awo aakazi ndi a ku Magomero, kufupi ndi Namadzi, ndipo pakhomo amalankhula Chilomwe. Akufunsa kuti n'chifukwa chiyani dera la alimi ngati limeneli limatchulidwa m'mabuku a mbiri, nanga Alomwe anafikako bwanji pamene kusukulu anaphunzira kuti eni dera anali Amang'anja. Mayi, mafunso anu awiriwa yankho lake ndi limodzi, ndipo yankholo ndi nthaka.

Dzina la Magomero linayamba kumveka kutali mu 1861. M'mwezi wa Julayi chaka chimenecho David Livingstone ndi Bishopu Charles Mackenzie wa mishoni ya mpingo wa Anglican yotchedwa UMCA (Universities' Mission to Central Africa) anamasula akapolo 84 pamudzi wa Mbame, ndipo anthu omasulidwawo ndi amene anakhala maziko a mishoni imene inamangidwa m'mbali mwa mtsinje wa Namadzi, kwa mfumu ya Chimang'anja dzina lake Chigunda. Mishoniyo sinakhalitse. Amishoni analowerera nkhondo ya pakati pa Amang'anja ndi Ayao, malungo anawasautsa, Mackenzie anamwalira pa 31 Januwale 1862 kufupi ndi pamene Ruo amathira mu Shire, ndipo mnzake Henry Burrup anamwalira ku Magomero mwezi wotsatira. Otsalawo anasamukira kwa Chibisa, kuchigwa cha Shire. Chilala, njala ndi nkhondo za zaka zimenezo zinabalalitsa Amang'anja ambiri, ndipo apa ndi poyambira yankho la funso lanu lachiwiri.

Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1800 malo aakulu a ku Magomero anagwa m'manja mwa banja la Alexander Low Bruce, mkamwini wa David Livingstone, ndipo kuyambira mu 1893 woyang'anira esitetiyo anali William Jervis Livingstone, amene anthu ankamutcha Listonia. Malo analipo ambiri koma manja olima anali ochepa. Nthawi yomweyo mabanja a Alomwe anali kuwoloka malire kuchokera ku Mozambiki, kuthawa nkhanza za ulamuliro wa Apwitikizi, ndipo esiteti inawalandira chifukwa inkawafuna m'minda ya thonje. Mlendo wopanda mfumu yomuteteza ndiponso wopanda kobwerera sakana lamulo la mwini malo, ndipo eni esiteti ankadziwa bwino zimenezi. Mwa anthu ofika motere, kapena mwa amene anawatsatira m'zaka zapambuyo, muyenera kuti munali makolo a agogo anu.

Pamenepa ndiime pang'ono pa liwu lakuti thangata, chifukwa limandiwawa nthawi zonse ndikaliganizira. Kuthangata kunali kuthandizana: munthu akachulukidwa ntchito kumunda, anzake ankabwera ndi makasu awo. Pa esiteti liwu labwinoli linasanduka dzina la ntchito yokakamiza. Wokhala pamalo a mzungu ankayenera kugwira ntchito mwezi umodzi m'malo mwa lendi ndi mwezi wina wa msonkho, koma ku Magomero miyeziyo inkatalikitsidwa, ndipo amayi amasiye nawonso ankakakamizidwa. Choipitsitsa chinali nyengo yake. Esiteti inkafuna anthu m'dzinja, nthawi yobzala ndi yopalira, pamene munda wa mwini wake ukufunanso khasu lomwelo. Mlimi aliyense akudziwa kuti chimanga chikadyedwa ndi udzu mu Januwale, nkhokwe imakhala yopanda kanthu chaka chonse.

Pafupi ndi esitetiyo, ku Mbombwe m'boma la Chiradzulu, M'busa John Chilembwe anakhazikitsa Providence Industrial Mission mu 1900 atabwerera kuchokera ku America. Ambiri mwa akhristu ake anali anthu a thangata omwewa, ndipo matchalitchi amene ankamanga pamalo a Bruce ankawotchedwa. Usiku wa pa 23 Januwale 1915 anthu a Chilembwe anaukira esiteti ndi kupha Listonia pamodzi ndi azungu ena awiri, koma amayi ndi ana sanawapweteke. Chilembwe anawomberedwa pa 3 Febuluwale, tchalitchi chake cha njerwa chinagwetsedwa, ndipo anthu ambiri anaphedwa kapena kumangidwa. Bungwe lofufuza limene boma la atsamunda linakhazikitsa linavomereza kuti anthu pa esiteti ya Bruce ankazunzidwa, komabe thangata sanathe pomwepo. Thonje linasiyira malo fodya, njala ya 1949 inadutsa, boma linagula gawo lalikulu la malowo m'zaka za m'ma 1950, ndipo thangata anathetsedwa mwalamulo mu 1962.

Maganizo anga ndi akuti timalakwitsa tikamasimba mbiri ya Magomero ngati ya bishopu, mzungu wa esiteti ndi m'busa basi. Atatuwa anakhalako kanthawi, koma amene anatsala ndi amayi a m'midzi, chifukwa kwa Alomwe ndi Amang'anja omwe munda umatsata mbumba, mwamuna amabwera kudzakhala chikamwini, ndipo mwana wamkazi amalima pamene analima amayi ake. Chuma cha makolo cha dera limeneli chili mu nandolo ndi chinangwa zobzalidwa pakati pa chimanga, mu kalongonda amene amafuna kuphikidwa moleza mtima, ndiponso m'gule wa tchopa, amene UNESCO, nthambi ya United Nations yoona za maphunziro ndi chikhalidwe, inamulemba m'kaundula wake wa miyambo ya makolo mu 2014.

Choncho, Mayi, mukapita kumudzi musayambe ndi kufunsa agogo za Chilembwe, chifukwa zimenezo adzakuuzani zomwe anamva pawailesi. Afunseni kuti amayi awo anabadwira kuti, anawoloka mtsinje uti pobwera, anayamba kukhala kwa nyakwawa iti, ndiponso kuti munda umene akulima lerowu anaulandira kwa yani. Afunseni ngati akukumbukira nyimbo zimene zinkaimbidwa posinja pamtondo, pakuti madandaulo a thangata ambiri anasungidwa m'menemo. Jambulani mawu awo pafoni m'Chilomwe momwe akulankhuliramo, ndipo kumasulira mudzachite pambuyo, mutakhala pansi ndi azakhali kapena amalume amene chilankhulocho akuchimvabe bwino.