Munthu amene anathawa ndi zitini 70 za filimu

Mayi wina wanditumizira imelo ataonera pa Netflix Shirkers, filimu ya 2018 imene Sandi Tan akufotokozamo mmene anaberedwera filimu imene anajambula ali mtsikana. Akufunsa kuti: "Sandi Tan anavutikiranji kulondola mapazi a munthu amene anamubera, chikhalirecho munthuyo anamwalira kale? Si kutokosa chilonda kumeneko?"

Mayi, funso lanu ndagona nalo masiku angapo. Mu 1992 ku Singapore, Tan ali ndi zaka 19, anajambula filimu ndi anzake awiri, Jasmine Ng ndi Sophie Siddique. Nkhani analemba ndi iyeyo, ndipo anasewera yekha mbali yaikulu. Wotsogolera anali mphunzitsi wawo, Georges Cardona, bambo wochokera ku America, wa pakamwa potsekemera, amene mbiri yake inkasinthasintha. Atsikanawo anathiramo ngakhale tindalama tawo tosunga. Atangobwerera ku maphunziro awo kunja, mkuluyo anazimiririka ndi zitini zonse 70 mmene munali zithunzi zimene anajambulazo.

Cardona anamwalira mu 2007. Mu 2011 mkazi wake wamasiye ndiye anauza Tan kuti zitini zija zilipo. Apa ndi pamene mtima wanga umawawa: zithunzi zinali bwinobwino, zosungidwa mosamala, koma mawu onse kunalibe. Mumaona kamtsikana kakuyenda, milomo ikugwedera, koma zii! Kumbuyo kwake kukuoneka tchire ndi nyumba zakale zimene lero zinagumulidwa.

Ndiye chilonda chimene mukunenacho chinali chisanapole n'komwe. Zaka pafupifupi 20 Tan ankakhala ndi ntchito imene sakanatha kuonetsa munthu, ngati kuti anangoilota. Atapita ku New Orleans, mzinda wa ku America kumene Cardona anakhalako, anapeza kuti si iye yekha: analiponso ena amene Cardona anawakopa, kenako n'kuwaonongera ntchito yawo. Zimenezi sakanazidziwa akanangokhala pansi n'kunena kuti zapita zapita.

Chimene ndimamulemekezera kwambiri n'chakuti sanadziyeretse. Ng amamudzudzula poyera pa kamera kuti nayenso anali wouma mutu, wosamva za anzake, ndipo Tan sanadule mbali imeneyo. Ndi angati amene angalole zotere mu filimu yawoyawo?

Mu 2018 Tan analandira mphoto ya wotsogolera ku Sundance, chionetsero cha mafilimu cha ku America, chifukwa cha Shirkers. Mukadzaoneranso, mayi, mudzatchere khutu pamene zithunzi za 1992 zikudutsa. Mawu amene akufotokoza pamwamba pake ndi a Tan yemwe uja, tsopano ali mayi wamkulu.