Agogo ayankha: zogulitsa munda wa mbumba kuti ugule njinga yamoto

Mdzukulu wina wandilembera kuchokera ku Joni, dzina sinditchula poti akwawo amuzindikira msanga. Akuti agogo ine ndatopa ndi maganyu akuno, ndikufuna ndibwerere kumudzi kwathu cha ku Mayaka ndigulitseko chigawo cha munda womwe anasiya malemu agogo athu aakazi ndigule njinga yamoto ndiyambe kabaza, koma alongo anga akukana, amalume nawo akuti ayi, kodi imeneyi si nsanje? Wawonjezanso kuti mitengo ya mango ya pabwinja akufuna agwetse aotchere njerwa.

Iwe mwana khala pansi kaye. Foniyi akundigwirira ndi mdzukulu wanga wamkazi, ine maso anatha, ndiye ndilankhula momwe ndingalankhulire uli pamphasa pano.

Munda umenewo ukudziwa kuti unabwera bwanji? Ambiri a ife kuno kwa Chikowi, Nasawa mpaka kulowera ku Magomero makolo athu ndi Alhomwe, anachoka ku Mozambique kuthawa nkhanza za Apwitikizi cha kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900, anabwera wapansi mphika pamutu mwana kumsana, kufika kuno anapeza malo ambiri ali kale m'manja mwa azungu a maesiteti. Ankatitchula Anguru, dzina lomwe mpaka pano ndikalimva mtima umandiwawa. Kuti upatsidwe pomanga kanyumba ndi polima unkayenera kugwira thangata, mwezi wina wa lendi wina wa msonkho, koma mweziwo sunkatha ayi, kapitawo akangokwiya tsiku limenelo salemba pa tikiti yako ndiye umangolimabe thonje ndi fodya wa mzungu chimanga chako chikufera m'tchire. Amayi anga ankanena kuti amayi awo ankapalira munda wawo madzulo dzuwa litapendeka, ataweruka kwa mzungu. Mkwiyo umenewu ndi womwe unaphulika mu Januwale 1915 pomwe anthu a John Chilembwe anakapha William Jervis Livingstone ku Magomero pa esiteti ya Bruce. Inu mumangodziwa kuti pa 15 Januwale kulibe sukulu basi. Thangatayo anadzatha mu 1962, ine ndili kale ndi mwana woyamba, ndiye usamaone ngati ndi nthano ya kalulu.

Tsopano za alongo akowo. Kwathu kuno ndi kwa chikamwini, munda umayenda ndi ana aakazi, mwamuna ukakwatira umakalima kwa mkazi wako, izi unazidziwa usanapite ku Joniko usanamizire. Ndipo sikuti makolo anangozipeka. Njala ya 1949 ndinaiona ndi maso angawa ndili kamtsikana, tinkadya gaga ndi mizu yakutchire, azibambo ambiri anachoka amvekere tikukasaka chakudya, ena sanabwererenso mpaka lero. Amene anatsala ndi ana, kusunga timbewu mu chipanda chopachika kudenga kuti mvula ikagwa adzale, anali amayi. Ndiye mlongo wako akamati munda usagulitsidwe sikuti akukuchitira kaduka, akuwerenga ana ake, ndipo ana akewo mawa ndi mbumba yako iweyo, ukadzakhala mwinimbumba adzakufunsa kuti amalume tilime pati, udzawaloza njinga?

Kabaza sindikunyoza ayi, anyamata akudyerapo, ngakhale ine popita kuchipatala ndimakwera yomweyo nditagwiritsa chitenje. Koma ndaona zambiri. Nyanja ya Chilwa itauma mu 1968 amuna omwe ankati ife khasu ayi tili ndi matemba anabwerera kumudzi manja lende kudzapempha mizere iwiri kwa alongo awo omwewo, inaumanso mu 1995, inaphwanso mu 2018, nthawi zonse kothawira kunali kumunda. Njinga imagwa, imabedwa, apolisi amalanda. Malemu mchimwene wanga anagulitsa dimba lathu la kudambo mwakabisira kuti agule wailesi ndi njinga yakapalasa, mlandu unafika kwa amfumu, wogulayo anakana kubweza, mpaka pano ndikamadutsa ndimaona nzimbe za eni ake pomwe amayi ankadzala mpiru ndi mbatata. Wailesiyo sinathe ndi zaka ziwiri zomwe.

Mango aja asiye. Pabwinja paja ndi pomwe panali nyumba yoyamba ya mtundu wanu, ukapita ukayang'ane pansi pa mtengo waukuluwo mwina upeza mphero, mwala wosalala pakati ngati mbale womwe ankaperera mapira ndi mawere chigayo chisanabwere. Michombo ya amayi ako ndi abale awo inakwiriridwa chapompo. Komanso mu Disembala ndi Januwale nkhokwe zikapepuka ana amasusula mango omwewo, osapsawo timaphika mumphika n'kudya ngati mbatata. Uvuni umodzi wa njerwa umeza mitengo yomwe yakhala zaka zoposa zako ndi za amayi ako kuphatikiza.

Chomwe ungachite ndi ichi. Siya kutumiza mavoisi pa WhatsApp kwa amalume ako, munthu wamkulu salamulidwa pafoni, ndipo ndamva kuti ina unawauza kuti inu ndi achikale, imeneyo ukayambe ndi kupepesa. Ukafika kumudzi gona kaye masiku awiri, zonda odwala, kapepese maliro onse omwe anachitika uli kulibe, kenaka upemphe amalume aitane mbumba. Chipewa chivule, khala pansi, usalankhule uli chiimire manja m'thumba. Uwauze vuto lako lenileni kuti ndabwerako wopanda kanthu, palibe manyazi pamenepo, ambiri abwerako ndi chikwama chokha. Upemphe akubwereke kachigawo ulime nandolo kapena tomato nyengo ziwiri ukagulitse ku Thondwe kapena mumsika wa Zomba, kapena mugwirizane kubwereketsa chigawo china kwa chaka chimodzi amfumu akudziwa, ndalamayo ikhale poyambira. Ichedwa inde, njinga yake mwina ikhala yakale.

Ndipo ukamabwera undigulireko shuga ndi bulangete la ku Joni, kuno mu Juni mphepo yochokera kuphiri ija sikusewera.