Wathiraki wandiyatsira indiketa, ndidutse? Yankho kwa achemwali a ka Vitz

Imelo iyi yakhala mu foni mwanga masabata awiri osayankhidwa, osati ulesi ayi, koma ndikangoitsegula maganizo amathawira ku Bembeke. Achemwali ena a ku Lilongwe anatenga laisensi chaka chathachi, ali ndi ka Vitz kawo, ndipo mwezi wamawa akufuna ayendetse okha koyamba kupita kumudzi ku Ntcheu. Akufunsa kuti: ndikatsekeredwa kumbuyo kwa thiraki pa M1, am'mbuyo akuliza hutala, alamu anga pambalipa akuti dutsani mukuopa chani, wathiraki naye wayatsa indiketa, ndidutse kapena ndidikire?

Achemwali, nkhani ya alamu anuwo ndi imene yandiimitsa mutu, chifukwa ine alamu anga a tsiku limenelo anali malume.

Zinali zaka zingapo zapitazo ma toll gate asanabwere, mwezi wa June, kunagwa maliro a azakhali ku Balaka. Tinanyamuka ku Lilongwe cha m'ma 4 m'bandakucha pa Corolla yakale ya mnzanga, yobwereka, ine pa chiwongolero, malume kutsogolo, kumbuyo mayi aang'ono ndi asuweni awiri, ku buti matumba awiri a ufa ndi kabichi wa pamaliro. Galimoto inachita kukhala pansi kumbuyoku. Malume anga sanagwirepo chiwongolero chibadwire, ngakhale njinga yamoto, koma kuyambira pa Nathenje anali atayamba kale kundiphunzitsa kuyendetsa. Titadutsa Dedza, cha ku Bembeke, tinalowa mu nkhungu ija mukuidziwa ya nthawi yozizira, yoti magetsi ako amangowala pa khoma loyera, ndipo mkati mwa nkhungumo tinapeza thiraki ikukwawa, spidi yake mwina 30. Ndinakhala kumbuyo kwake mphindi zingapo, kumbuyo kwanga kunabwera galimoto ina kumandithwanimitsira magetsi, malume nawo ayamba, mphwanga kodi tikafika ataika kale? Anzako onse akudutsa iwe wagona? Kenako anati mawu amene anandilasa, akuti bambo ako akanakhala ndi moyo bwenzi pano tili pa Lizulu.

Nthawi yomweyo thiraki ija inayatsa indiketa ya kumanzere. Malume anakuwa, wakupatsa njira uyo, pita! Nane ndinapita.

Ndili pakati pa thiraki mpamene ndinazindikira zinthu zitatu nthawi imodzi. Choyamba thirakiyo inali yokoka ngolo ziwiri, kutalika kosatha. Chachiwiri ndinali pa giya 4 ndi anthu asanu ndi ufa, ndikuponda mafuta mpaka pansi koma Corolla ikungolira osathamanga. Chachitatu kutsogolo mu nkhungu munatuluka getsi limodzi. Ndinati ndi njinga yamoto, tipanikizana tidutsana. Sinali njinga, inali minibasi yakufa diso limodzi. Sindikumbuka kuti ndinaganiza chani, mwendo unangopita wokha pa buleki, Corolla inatsetsereka pang'ono, thiraki inapitirira ine nkubwerera kumbuyo kwake, ndipo wa minibasi uja, Mulungu amudalitse kulikonse ali, anatulutsa matayala awiri kunja kwa tala nkudutsa ndi fumbi ndi miyala ndi hutala wautali. Kumbuyo mayi aang'ono anali atayamba kale kuitana Yesu.

Tsono mverani izi. Patangopita mtunda pang'ono thiraki ija inapatuka nkuima pambali, dalaivala nkutsika kukataya madzi. Indiketa ija sinali yanga. Munthuyo amanena zomwe indiketa imanena, kuti ndikukhotera kumanzere, basi, mwina sanadziwe nkomwe kuti kumbuyo kuli ka Corolla ka anamfedwa. Ndinaimika galimoto chapatsogolo, miyendo ikunjenjemera moti klatchi ndimalephera kuponda, ndipo malume atapuma anandiyang'ana nkunena kuti, koma mphwanga umayendetsa moopsa bwanji.

Munthu yemwe uja. Pakamwa pomwe paja.

Kuyambira tsiku limenelo ndinasiya kumvera aliyense amene sali pa chiwongolero, ndipo ndikamakula mtima wanga ukungoumirabe pa nkhaniyi. Poyamba ndinkati mwina ndi ine ndinalakwitsa giya, ndikanabweza pa 3 ndikanadutsa. Pano ndimati ayi, ngozi zambiri za maso ndi maso pa misewu yathuyi sizimayamba ndi giya kapena tayala, zimayamba ndi manyazi. Umachita manyazi kuti akuona ngati wamantha, umachita manyazi ndi hutala wa munthu amene sukumudziwa ndipo sudzamuonanso, ndipo kwa inu azimayi zimanyanya chifukwa pamabwera kale kamawu kaja kakuti aaa ndi mzimayi eti. Wokwera sadzakaima kukhoti. Wa hutala uja akakupezani mwagundana adzachepetsa liwiro, ajambule pa foni, aponye pa WhatsApp, nkumapita.

Ndipo chilankhulo cha ma indiketa chimenechi ndiyankhulepo, poti ambiri amachitenga ngati lamulo. Ndi zoona madalaivala a mathiraki ndi mabasi ali ndi chizolowezi, akayatsa ya kumanja amatanthauza usadutse kukubwera galimoto, akayatsa ya kumanzere amati kutsogolo kuli bwino, iwe ukadutsa umathokoza ndi ma hazadi kawiri katatu. Usikunso mudzaona obwera kutsogolo akuyatsa ya kumanja kuti muone pomwe pathera galimoto yawo. Ndi ulemu wabwino ndithu ndipo ambiri amachita ndi mtima wabwino. Koma simudzazipeza mu Highway Code imene munawerenga pokayezetsa ku Road Traffic. Ya kumanja ija ine ndimaimvera nthawi zonse, chifukwa kaya akuti usadutse kaya akukhoteradi kumanja, zonse ziwiri zikuti khala pomwepo. Ya kumanzere ndi imene sindiikhulupirira, ikhoza kutanthauza dutsa, ikhoza kutanthauza ndikuima, mwina anaiwala kuzimitsa chichokereni pa Kamphata. Komanso ngakhale akunenadi inu, iye wakhala pamwamba akuyeza ndi maso ake, sakudziwa kuti ka Vitz kanu kanyamula anthu angati ndi matumba angati, sakudziwa kuti mutenga masekondi atatu mukuganizaganiza musanatuluke.

Msewu wa M1 womwewu, wochokera ku Songwe ku Karonga mpaka ku Marka ku Nsanje, malo ambiri ndi kanjira kamodzi kopita kamodzi kobwera, ndipo si wa galimoto zokha. Muli akabaza atanyamula matumba atatu a makala opingasa, muli ngolo za ng'ombe zopanda chowala chilichonse, mbuzi, ana asukulu, ma Sienta odzaza mpaka ku buti amene amaima paliponse pomwe munthu wakweza dzanja, osayatsa kanthu. M'mphepete mwa tala malo ena munadyeka moti tayala likatsikako kubwerera kwake ndi nkhondo. Nde mukamadutsa thiraki musamangoganiza za galimoto yobwera kutsogolo, wathirakiyo akhoza kukumana ndi wanjinga kumanzere kwake nkukhotera kwa inu osakuonani, inu muthawira kuti? Kumanja kwanu kulinso wanjinga wina.

Za nthambi nazo. Mukaona masamba aawisi atayalidwa pamsewu musati ana amasewera, kutsogoloko kwafa galimoto kapena pali maliro pafupi, chepetsani liwiro pomwepo. Ma triangle alipo mwalamulo koma ambiri amathyola mtengo wapafupi, ndipo chimene chimandinyansa ndi chakuti akakonza galimoto amanyamuka nkusiya nthambi ndi miyala yomwe anatsekera matayala pakati pa msewu, wina adzaigunde usiku. Ndikanakhala wapolisi ine anthu amenewa ndi amene ndikanayamba nawo.

Apolisi ndawatchula, ndinenenso ichi ngakhale ena mundida. Ndinasiya kuthwanimitsira anzanga magetsi powachenjeza kuti kutsogolo kuli a trafiki ndi kamera. Kale ndinkachita, ndinkaona ngati ubale. Koma taganizani, kamera nthawi zambiri amaitchera pa ma trading centre pomwe chikwangwani chikuti 50, ndipo pamenepo mpomwe pali anthu. Pitani pa Lizulu tsiku la msika muone, tomato, mbatata, kabichi zili m'mphepete mwenimweni mwa tala, mbali iyi Malawi mbali inayo Mozambique, anthu akungowoloka uku ndi uku ngati pabwalo la pakhomo. Amene mukukumbuka zomwe zinachitika pa Kampepuza ku Ntcheu mu 2019, thiraki italowa mu anthu pamsika nkupha ambiri, mukudziwa kuti malo amenewa sachedwa kusanduka manda. Munthu amene akulowa pamalo otere ndi 100 ine ndimuthandize kuzemba chindapusa chifukwa chani? Alipire, mwina mawa akumbukira.

Masamu pang'ono, musathawe

Nditachira mantha a ku Bembeke ndinakhala pansi ndi pepala. Tinene kuti thiraki ikuyenda 60 inu mukuidutsa pa 80. Kusiyana kwanu ndi 20 yokha, kutanthauza kuti sekondi iliyonse mukuipitirira ndi mamita osakwana 6. Thiraki yaitali ndi pafupifupi mamita 20, onjezani mpata womwe munasiya kumbuyo kwake, mpata woti mulowere kutsogolo kwake ndi kutalika kwa galimoto yanu, zikukwana mamita 60 kapena kuposa. Ndiye kuti mukhala mbali ya eni ake masekondi 11 kapena 12. Pa nthawi imeneyo inu mwayenda mamita pafupifupi 250, ndipo wobwera kutsogolo ngati ali pa 100 wayenda opitirira 300. Phatikizani. Mukufunika kuona msewu wopanda kanthu wopitirira theka la kilomita, mabwalo a mpira asanu kapena asanu ndi limodzi kuwandandalika. Ine tsiku lija ndimaona mwina mamita 40.

Mbali inayo ya masamu ndi yoseketsa. Mukakhala kumbuyo kwa thiraki yoyenda 40 kwa makilomita 5 athunthu, mwatha mphindi 7 ndi theka. Mukanakhala pa 80 mukanatha zosakwana 4. Zomwe mwataya ndi mphindi zosakwana 4, nthawi yochepa kuposa yomwe alamu anu adzathere posankha mbatata pa Lizulu. Ndipo ambiri amene amandidutsa mwaukali pa Linthipe ndimakawapeza pa toll gate ya Kalinyeke ali pamzere, galimoto ziwiri patsogolo panga, akusakasaka chenji.

Maliro a azakhali aja tinafika anthu asanayambe nkomwe kudya, mwambo unayamba masana. Malume anakhala pansi pa mtengo nkumauza anzawo mmene anandipulumutsira pondiuza kuti ndiponde buleki. Sindinawatsutse, pamaliro sitikangana, koma pobwerera ndinawakhazika kumbuyo pakati pa asuweni ndipo mpaka lero akakwera yanga malo awo ndi amenewo.

Nde muchite chani

Mzere woyera wapakati ukakhala wosadukiza musadutse, ngakhale thiraki ikuyenda ngati kamba. Pa kona, pokwera chitunda chomwe simukuona kuseri kwake, pa mlatho, pa mphambano, pa trading centre, mu nkhungu kapena mvula yamphamvu, musayese. Musamamatire kumbuyo kwa thiraki, bwererani m'mbuyo mpaka muziona magalasi ake a m'mbali, mukatero mumaona patali komanso mumakhala ndi poyambira kuthamanga. Pamalo owongoka pomwe mzere ndi wodukizadukiza ndipo mwaona nokha ndi maso anu kuti kuli mbee, yang'anani pagalasi ndi paphewa la kumanja poti wam'mbuyo akhoza kukhala watuluka kale, yatsani indiketa, tsitsani giya ngati ndi ya manyuwo, ngati ndi otomatiki pondani mafuta mpaka pansi, dutsani kamodzi osazengereza, ndipo mubwerere kumanzere mukaiona thiraki yonse pagalasi la mkati. Galimoto imodzi nthawi imodzi, osatsatira wina amene akudutsa ngati mwamangiriridwa, iye akalowa inu mutsala panja. Mtima ukangokayika, khalani. Wam'mbuyo akanyanya hutala, pezani malo abwino, yatsani ya kumanzere, patukani adutse.

Munyamuke kutacha kuti mukafike dzuwa lisanalowe, ulendo woyamba usakhale wausiku, ndipo aliyense amange lamba, akumbuyo omwe. Alamuwo muwauze musanalize galimoto, pakhomo pomwe, mwaulemu, kuti alamu pa msewu ndimafuna chete, ngati muli pachangu ma minibasi a ku Ntcheu ali mu depoti. Mukaima pa Lizulu mutulutse galimoto yonse kunja kwa tala musanatsegule chitseko, ndipo mukafika mundilembere, ndikufuna ndimve kuti anakhala mpando uti.