Ndalama zinali zanu, koma laisensi ili m'dzina la mphwanu

Bambo, mwalemba kuti munalipira pulogalamu yosanjira mafayilo pa kompyuta, koma anadzaza fomu yolembetsa ndi mphwanu, nkuikamo dzina lake ndi imelo yake. Kompyuta itafa, kafayilo ka kiyi kotsegulira pulogalamuyo kanafera momwemo, ndipo kampani ikukana kukutumizirani kena, pomwe mphwanu akuti alibe nthawi yoilembera kalata. Mukuti kumeneku ndi kuba.

Pamalamulo si kuba. Chimene munalipira ndi laisensi, kutanthauza chilolezo chogwiritsa ntchito pulogalamuyo basi. Pangano la TRIPS la 1994, lomwe mayiko anagwirizana pa za umwini wa zolemba ndi zaluso, limati mapulogalamu a kompyuta azitetezedwa ngati mabuku, choncho umwini umatsala ndi amene anailemba, ndipo kampani imadziwa munthu amene ali m'kaundula wake.

Apa ndi pamene ndaona madandaulo ambiri akuthera. Munthu amabwera ndi chikalata cha kubanki, nkumayesa kuti wawina kale. Chikalatacho chimangosonyeza kumene ndalama zinachokera, sichinena amene anavomera mfundo za pangano. Anadina batani lovomera ndi mphwanu. Ena akakanidwa chonchi amalembera kampani monamizira kuti ndi mwini dzinalo, ena amakatola kiyi wachinyengo pa intaneti. Zikadziwika, wodandaula uja ndi amene amayamba kuyankha mlandu.

Mphwanuyo nayenso! Kalata ya mizere itatu mpaka kusowa nthawi?

Werengani ndime ya m'pangano lanu yonena za kusamutsa laisensi. Ngati imalola, mphwanu alembere kampani kuchokera pa imelo yomwe analembetsera, anene kuti laisensi wakupatsani ndipo kope lake wafufuta. Muphatikizepo lisiti ndi nambala ya oda. Ngati imaletsa, nkhani yalimba. Mu 2012, pa mlandu wa makampani a UsedSoft ndi Oracle, khoti la European Union linagamula kuti laisensi yopanda malire a nthawi ikhoza kugulitsidwanso bola wogulitsayo asatsale ndi kope logwira ntchito. Koma chigamulocho ndi cha kumeneko, ndipo ngati chingakuthandizeni zitengera dziko limene malamulo ake atchulidwa m'pangano lanu. Sindingakulonjezeni kanthu.

Musauze banki kuti ibweze ndalamazo, kampani ikhoza kufafaniziratu laisensiyo. Musadalirenso kope loyeserera; masiku ake akatha, kaya ndi 30, kupitiriza ndi kuphwanya pangano ngakhale pulogalamu izitsegukabe. Podikira, gwiritsani ntchito Double Commander, pulogalamu ina yosanjira mafayilo, yomwe ndi yaulere pansi pa laisensi ya GPL, yolola aliyense kuigwiritsa ntchito. Zakukhoti musathamangire, malipiro anga okha monga loya aposa mtengo wa laisensi yatsopano.