Za kupita koonera kanema ku Zomba kuno, tamvani adzukulu anga

Mafunso awiri andipeza ndipo onse ndi a kanema, nde ndati ndiyankhe pamodzi poti zala zanga sizichedwa kutopa pa foni. Loyamba lachokera kwa mtsikana wa ku Chinamwali, ali folomu 3, akuti mnyamata wina akumuitanira ku vidiyo sho ya usiku koma mayi ake akanitsitsa, nde akufunsa kuti agogo kodi kuonera filimu ndi tchimo? Linalo ndi la mnyamata wa ku Matawale, akuti bambo ake amukalipira koopsa chifukwa anabwera pakati pa usiku kuchokera koonera mpira, iyeyo akuti mowa sanamwe, sanabe cha munthu, nde walakwa chani.

Ndiyambe ndi iwe mkazi mnzanga. Kuonera filimu si tchimo ayi, wina asakunamize. Ifenso tinaonera pa utsikana wathu. Kunkabwera galimoto za boma zofalitsa nkhani, kuima pabwalo la sukulu, kupachika chinsalu choyera, kukangoda basi mudzi wonse pansi, agogo ndi mkeka wawo, ana kutsogolo, anyamata kumbuyo uko akunamizira kuti sakufuna kukhala pafumbi. Amene anali ndi kangachepe m'thumba ankachita kukwera basi mpaka ku Blantyre kukaonera ku holo ya kanema ya Apollo, akabwerako nkhani yake mwezi wathunthu osatha. TV m'nyumba kunalibe, inu mumaona ngati inabadwa ndi dziko koma TVM, TV ya boma ija, inayamba mu 1999, ena mwa makolo anu ali kale ndi ndevu.

Kusiyana kwake ndi uku. Nthawi ya Kamuzu filimu isanafike pamaso pathu inkayamba yadutsa m'manja mwa a Censorship Board, bungwe lomwe linakhazikitsidwa ndi lamulo la 1968, ndipo ankadula osati masewera, anthu awiri akangoyandikizana milomo basi chithunzi chadumpha, mukuona ali kale pa msewu akuyenda. Ndi nthawi yomweyo ya lamulo la kavalidwe la 1973 lija, mkazi osavala buluku, siketi izibisa mawondo. Sindikuti tibwerere kumeneko, zambiri zinali zotipanikiza ndipo ine buluku ndimavala kukazizira mu Juni. Ndikungonena kuti kunali munthu woyamba kuona ana asanaone. Lero mwini vidiyo sho amangotenga kafulashi kwa mnzake wa pa msika, kulowetsa, zomwe zili m'menemo ndi zomwezo, ndipo palibe bwana angayendere kashedi kalikonse ka ku Mpondabwino, ku Sadzi ndi ku Chikanda usiku uliwonse.

Nde mayi ako sakuopa filimu. Akuopa zomwe malo ena amaika usiku ukakula ana atachepa, zolaula zija, aliyense mtauni muno amadziwa ngakhale timachita manyazi kutchula. Akuopanso njira yobwerera, magetsi a ESCOM atathima, iwe ndi mnyamata awiriwiri mumdima, iye ndi amene ali ndi tochi, iye ndi amene ali ndi ya kabaza. Ndipo usaiwale kuti pa malamulo a dziko lino kuyambira 2017 munthu wosakwana zaka 18 ndi mwana, kaya watalika bwanji, kaya thupi lakhwima bwanji.

Chita izi. Umuuze mnyamatayo kuti ndavomera, koma Loweruka masana, ndipo ndibwera ndi mnzanga kapena kamlongo kanga, komanso udzanditengere pakhomo, upereke moni kwa mayi. Ukatero khala chete umuone nkhope. Wofuna filimu adzati chabwino palibe vuto, poti filimu ya 2 koloko masana ndi yomweyo ya usiku. Akayamba zoti aaa masana sizikoma, mnzakoyo wa chani, kwanuko ine ndimaopa, wadziwa kale kuti si kanema akukuitanira. Ndalama yolowera pakhomo uzilipira wekha ngati ulinayo, ndi yochepa koma ndamva atsikana ambiri akuuzidwa kuti ndinakulipirira ine, ndinakugulira chipisi ine, ngati kuti wagula munthu. Ngati ulibe ndalama khala, filimu siwola.

China, pa mwambo wathu mtsikana sauza mayi ake za anyamata mwachindunji, zimenezo ndikudziwa, manyazi alipo ndipo ndi oyenera. Koma ndichifukwa chake kuli agogo ndi azakhali. Pita kwa mmodzi wa iwo umuuze kuti kuli wakutiwakuti akundilankhula, iwo adziwa m'mene angafikitsire kwa mayi ako, ndipo akhozanso kukupemphera chilolezo cha masanacho. Chomwe sindifuna kumva ndi zoti wanama kuti ndikupita ku kwaya kapena ku sitade kenako ukupezeka pa benchi ya vidiyo sho. Zomba ndi yaing'ono mwana iwe, si Lilongwe, wogulitsa mandasi pakhomo la kanemayo amapemphera mpingo umodzi ndi mayi ako, nkhani idzafika kunyumba iwe usanafike, ndipo likadzafika tsiku la kwaya yeniyeni sadzakukhulupiriranso.

Tsopano amuna anga a ku Matawale, bwerani kuno. Ukuti sunamwe, sunabe, ndakumva ndipo ndakhulupirira. Koma unatsanzika? Pafunso lako sindinaonepo mawu amenewo. Mpira wa Champions League umayamba 9 kapena 10 koloko usiku pa nthawi yathu ino, kutengera nyengo ya ku Ulaya, nde pomatha ndi cha m'ma 11 kapena 12, ukapita ku ma penate ndiye basi tsiku lasintha. Nthawi yonseyo iwe ukukuwa chigoli, bambo ako ali maso pabedi, chitseko sakudziwa akhome kapena asiye, galu akauwa akudzuka, foni yako akuimba siikupezeka poti batire inatha. Munthu ameneyo mawa m'mawa ali ndi ntchito. Kukalipa kuja ndi mantha, amuna a msinkhu umenewo satha kunena kuti ndinada nkhawa, amangotulutsa ukali.

Kale tinkaopa vakabu, apolisi akakupeza usiku popanda chifukwa chomveka umakagona m'chitokosi. Khoti lalikulu linagamula mu 2017 kuti gawo lina la lamulo limenelo ndi losemphana ndi malamulo aakulu a dziko, zinali bwino ndithu poti osauka ndi amene ankavutika nalo, koma khotilo silinathetse achifwamba, ndipo anthu a m'dera akakhala kuti aberedwa posachedwa safunsa zambiri akaona mnyamata wachilendo akudutsa kuseri kwa nyumba 12 koloko. Nde ngati ndi mpira waukulu woti sungauphonye, nena kukadali kowala, bambo lero kuli gemu, ndikaonera pamalo akuti, ndili ndi akutiakuti, tibwerera limodzi. Akakana, wakana ndi mwini nyumba, udzamva zigoli pa wailesi. Mpira wa ku England wa Loweruka wambiri umayamba 4 kapena 5 koloko madzulo, umenewo sindikuona chifukwa choti munthu akuletse ngati madzi watunga ndipo homuweki yatha.

Koma pali chimodzi chomwe ndikufunsa ndipo uyankhe mumtima mwako, ukupitira mpira kapena kubetcha? Chifukwa masiku ano ndikadutsa pamalo amenewa ndimaona anyamata maso ali pa kapepala kapena pa foni, sikirini akungoyiyang'ana mwa apo ndi apo, timu yawo yagoletsa iwo nkhope ili gwa poti anabetcha zina. Ndalama ya mayeso, ya sopo, ya ndiwo yomwe mayi anakutuma, imathera m'menemo pang'onopang'ono. Ngati wayamba zimenezo ndiye nkhani yathu ndi ina, si ya kanemanso, ndipo ubwere tikambirane patokha.

M'katimo namonso muli khalidwe lake, izi ndikuuza nonse awiri. Ine mafilimu omasuliridwa m'Chichewa aja ndimawakonda, anyamata omasulirawo ali ndi luso, mzungu kapena Mtchaina akulankhula za nsima ndi bonya, kuseka mpaka nthiti kuwawa, ngakhale ena pakamwa pawo pamatuluka zotukwana zosafunika. Koma iwe ngati unaonera kale tseka pakamwa, osamauza anthu kuti uyu afa, uyu ndi amene wapha, anzako alipira ndalama yawo. Foni kuwalitsa kumaso kwa anthu ayi, ndipo uyiike thumba lakutsogolo poti m'mdima muja manja amayenda. Wamkulu akalowa malo atatha, sunthira, sikuti ulemu umathera pakhomo la kanema. Timu ya mnzako ikagonja museke pang'ono basi, osafika potchula mayi ake, ndewu zambiri za m'malo amenewa zimayambira pamenepo. Ndipo ukalowa uyambe waona khomo lili kuti. Malo ambiri ndi kachipinda ka malata kopanda mawindo, khomo limodzi, jenereta ndi chigubu cha petulo zili pafupi pomwepo, mawaya ali lendelende, mwezi wa Okutobala anthu thukuta kamukamu. Ukhale chakufupi ndi potulukira, ukaona mwadzaza mopyola muyeso tuluka, ndalamayo iluze.

Eni ake a malowa nawonso amve, poti ndikudziwa ena awerenga. Bizinesi yanu ndi yabwino, si aliyense angakwanitse DStv kunyumba, ndipo mumasangalatsa anthu. Koma mwana wa yunifolomu 10 koloko m'mawa Lachiwiri akufuna chani pa benchi yanu? Mukulandira ndalama yake mukudziwa kuti wathawa kalasi. Mwana wa mnzako ngwako yemwe, m'bwezeni, mumuuze abwere akaweruka. Ndipo zinthu za akuluakulu zija ngati simungathe kusiya, bola onetsetsani kuti mulibe mwana ngakhale mmodzi, kuphatikizapo aja amasuzumira pa mabowo a malata panja.

Iwe wa ku Chinamwali, ukayesa za Loweruka masana zija undiuze mnyamatayo wayankha bwanji, ndikufuna ndimve. Iwe wa ku Matawale ukapepese kwa bambo ako lero lomwe, usadikire kuti gemu ina iyandikire nde uzikapepesa chifukwa ukufuna chilolezo, adzakutulukira. Upite akamaliza kudya, ukhale pansi, chipewa uvule, osati kulankhula chiimire manja ali m'thumba.